Kaulime, kanyanja ka pamwamba pa Nyika

Ntchito yanga ndi ya mipopi. Ndimakumbitsa ngalande, kuyala mapaipi, kumanga matanki, ndipo anthu akayamba kudandaula kuti pampopi pakungotuluka mpweya, ndine amene ndimalondola paipi mpaka nditapeza pamene yaphulika, kapena pamene munthu wina wochenjera waiboola kuti azithirira dimba lake usiku. Kwathu ndi ku Dedza, koma ntchitoyi inanditengera ku Rumphi, kumene midzi yambiri imamwa madzi osafuna injini kapena mjigo. Amangotsika okha kuchokera kumapiri, kulowa m'paipi, mpaka pampopi wa pamudzi. Munthu ukagwira ntchito yotere kwa nthawi, umagwidwa ndi kamatenda kena: ukafika pa inteki, pamene paipi imamwera mumtsinje, maso sakhala pomwepo. Amapitirira kumtunda. Mtsinjewu wachokera kuti? Ukafunsa a komiti ya madzi, ukafunsa anyamata okumba ngalande, yankho ndi limodzi, ndipo amayankha ndi chibwano, kulozera kumpoto: "Ku Nyika."

Amene anandiuza koyamba za Kaulime ndi alamu anga. Mlongo wanga anakwatiwa komweko, ndipo mwamuna wakeyo ndi dalaivala, ali ndi kapikapu kake kakale kamene amanyamulira fodya ndi feteleza. Tsiku lina tikudya anangoti, "Alamu, inu mumakonda za madzi, koma simunaone nyanja ya pamwamba pa phiri." Ndinaseka. Kwa ife Amalawi nyanja ndi ya ku Salima, ya ku Nkhata Bay, madzi oti maso amatopa asanaone tsidya, ndipo amakhala kunsi, kotentha, kwa udzudzu ndi usipa. Nyanja ingakwere phiri bwanji? Iwo anati iliko, ndi yaing'ono, ndipo pa Nyika ponse ndi yokhayo imene sinakumbidwe ndi munthu. Anawonjezera kuti muli njoka. Apa mlongo wanga anawadzudzula kuti asiye nkhani zotero pa chakudya.

Tinanyamuka chakumapeto kwa Seputembala, ntchito ya fodya itatha ndipo galimoto ili ndi mpata. Mafuta umathiriratu pa Rumphi, ndi ena m'zigubu, chifukwa kumtunda kulibe pothirira. Msewu umadutsa pa Bolero, kulikulu la a Chikulamayembe, kupyola chigwa cha Nkhamanga chimene ndimachidziwa ngalande ndi ngalande, kenako n'kuyamba kukwera. Kuchoka pa boma kufika pa geti ya Thazima ndi makilomita opitirira 50, ndipo kuchoka pa getipo kufika ku Chelinda, kumene alendo amagona, ndi enanso pafupifupi 60. Pa pepala ndi ulendo wa maola awiri. Pa msewu weniweniwo musawerengere choncho. Fumbi lake ndi lofiira, losalala, lolowa mpaka m'mano, ndipo pamene palibe fumbi pali miyala yotuluka mitu.

Mutangolowa geti mumayenda m'nkhalango ya mitengo ya mombo ndi masuku. Mwezi umenewo mitengo ya mombo imakhala ikuphuka masamba atsopano, ofiira ndi achikasu, moti phiri lonse limaoneka lopsa pomwe moto sunadutse. Pamsewu panali ndowe za njovu zouma. Alamu anga anachepetsa liwiro, wailesi n'kuzimitsa. Njovu za kuno si zambiri, ndipo zina ndi zobwera: mu 2017 anasamutsa njovu 34 kuchokera ku Liwonde kudzazisiya kuno. Ife sitinakumane nazo, ndipo kunena zoona palibe anadandaula.

Kenako mitengo imangotha. Sikuti imachepa pang'onopang'ono mpaka osazindikira, ayi. Mumakhota pena pake, n'kupezeka kuti muli pabwalo, udzu wokhawokha, zitunda zozungulira bwino zotsatizana mpaka kumene maso alekezera, ndi timagulu ta mitengo yobiriwira kwambiri tobisala m'makwawa. Alamu anga anandilozera kumanzere n'kunena kuti uko ndi ku Zambia. Msewu umatsata malire kwa mtunda ndithu, popanda mpanda, popanda wapolisi, popanda chidindo. Azambia nawo ali ndi kachigawo kawo ka Nyika, ka masikweya kilomita 80 okha, pomwe mbali yathu ndi yopitirira 3,000, paki yaikulu kuposa ina iliyonse m'Malawi. Mphepo inayamba kulowa pawindo yozizira mwa mtundu wina, youma, yoluma m'makutu, dzuwa lili pamutu.

Chelinda imaonekera patali chifukwa cha paini. Pakati pa udzu wonsewo pali chigamba chakuda cha mitengo ya paini, ndipo munthu wa ku Dedza ukachiona umamva ngati wafika kwanu. Mitengoyi inabzalidwa m'zaka za m'ma 1950 ndi bungwe la atsamunda la Colonial Development Corporation, pofuna kuyesa ngati Nyika ingakhale munda waukulu wa mitengo yopangira mapepala. Paini anamera bwino. Chimene chinavuta ndi chomwecho chinativuta ifeyo: msewu. Kutsitsa mitengo kuchokera kumeneko kunali kodula, ndipo nkhalango yaikulu ya paini inakakhala ya ku Chikangawa, pa Viphya. Ndikaganiza kuti zikanatheka Nyika yonse ikanakhala paini, ndimathokoza miyala ija ya pamsewu.

Pafupi ndi kampu pali madamu atatu, ndipo ine monga wa madzi ndinathamangira kukaona loyamba katundu asanatsitsidwe. Ndi madamu a dothi, omangidwa bwino, madzi ake oyera moti umaona pansi. Anaikamo nsomba za trout, za kumayiko ozizira, zimene azungu amawedza ndi mbedza yovekedwa nthenga. Ndi malo okongola kwambiri, ndipo zithunzi zambiri za Nyika zimene mumaona pa Facebook, za madzi ndi paini kumbuyo, zimajambulidwa pamenepa. Ambiri amabwerera kwawo akuganiza kuti aona nyanja ya pa Nyika. Aona ntchito ya anzanga a fosholo ndi wilibala.

Tinagona kumalo omanga matenti. Chelinda ili pamtunda wa mamita pafupifupi 2,300 kuchokera pa nyanja ya mchere, ndipo izi m'poto zimaoneka. Madzi amawira msanga koma asanatenthe mokwanira, pa madigiri 92 kapena 93 m'malo mwa 100, choncho nyemba zimene mlongo wanga anatipakira zinatha nkhuni mtolo wonse zikadali zolimba. Tinadyera nsima usipa wootcha, nyemba n'kuzisiya pamoto kuti tidzaonane nazo mawa. Mlonda wa pamalopo anabwera kudzaotha nafe, atavala chipewa cha ulusi ndi majekete awiri. Anati ife tabwera nthawi yabwino. Mu Juni ndi Julaye, chisanu chimagwa usiku, udzu umadzuka woyera, ndipo madzi osiyidwa m'beseni panja amachita chikhungu cholimba pamwamba. Usiku fisi analira chapafupi, kumbali ya paini.

M'mawa tinatenga sikauti, mmodzi wa a gemu, bambo wamkulu ndithu, wochepa mawu, mfuti yake yakale ili paphewa. Kaulime ili makilomita pafupifupi 8 kumadzulo kwa Chelinda, ndipo galimoto imafika pafupi. Koma ine ndinapempha kuti tiisiye patali pang'ono tiyende, chifukwa madzi sungawamvetse uli pampando. Udzu wa kumeneko ndi waufupi, wa zitsinde zolimba zopotokola mwendo. Malo ena anali otenthedwa, ndipo pa phulusa panali patamera kale msipu wanthete ndi timaluwa tating'ono tachikasu ndi tofiirira, totuluka m'dothi louma mvula isanagwe n'dontho lomwe. Nkhwali zinauluka pafupi ndi mapazi athu mpaka alamu anga anatchula dzina la amayi awo. Mpweya unkaperewera. Ine amene ndimakwera phiri la Dedza popanda kupuma ndinkaima kawirikawiri, n'kumanamizira kumanga nsapato.

Titafika pamwamba pa kachitunda, sikauti anaima n'kunena kuti, "Ndi iyo, adada."

Alamu anga anandiyang'ana kuti aone nkhope yanga. Ndikuuzeni mosabisa: ndi kadziwe. Kwathu tikanati thamanda lalikulu. Kali m'kachigwa kolowa pansi, kozungulira, ndipo munthu woyenda bwino angathe kukazungulira tiyi asanazizire m'fulasiki. Mbali ina kuli kagulu ka mitengo yachilengedwe, mbali zina udzu wa m'madzi ndi matope. Madzi ake si oyera ngati a m'madamu aja. Ndi akuda, amtundu wa tiyi wopanda mkaka, ndipo mphepo ikaleka saoneka kuti ndi akuya bwanji. Palibe bwato, palibe benchi, palibe wogulitsa zokazinga, palibe pepala la bisiketi. Palibe ngakhale phokoso la madzi oyenda. Chimene umamva ndi mphepo mu udzu ndi kupuma kwako.

Tinakhala pansi chapatali, mphepo ikuchokera kumadzi kuja kubwera kwa ife, monga momwe sikauti anatiuzira. Patapita nthawi kunatulukira chilembwe pamwamba pa chitunda cha tsidya. Amene simunaione nyamayi: ndi yaikulu pafupifupi ngati hatchi, yotuwa mofiirira, nkhope yake yakuda ndi yoyera, makutu aatali osongoka ogwera m'mbali, nyanga zopindikira kumbuyo. Inaima nthawi yaitali, osagwedezeka. Kenako zinzake zinatulukira kumbuyo kwake, zazikazi ndi ana, n'kutsika pamzere. Sizinathamangire madzi. Zimayenda masitepe angapo, kuima, kununkhiza, kuyendanso. Zitafika zina zinalowa mpaka m'maondo, ina n'kumiza mphuno yonse kuzula udzu wa pansi pa madzi, n'kudzuka madzi akuchucha m'kamwa. Yaikulu ija sinamwe mpaka zonse zitamaliza. Mbidzi zinabwera pambuyo, zaphokoso, zokankhana, ndi mizere yake yopyapyala yofika mpaka kuziboda. Mphoyo ziwiri zinali zitagona mu udzu pafupi nafe nthawi yonseyi osaziona, mpaka imodzi inaimba likhweru lake n'kudumpha.

Nyama zitachoka tinatsikira m'mphepete. Apa ndi pamene ine ndinasangalala kwambiri, chifukwa matope amalemba zonse. Ziboda za chilembwe, zazikulu zosongoka. Za mbidzi, zozungulira. Za ntchefu, zazikulu kuposa zonse, zolowa pansi kwambiri chifukwa cha kulemera. Timabowo ta njiri pamene inagwada. Sikauti anandionetsa ndi nsonga ya nsapato phazi lina lozungulira, la zala zinayi, lopanda zikhadabo. Kambuku. Anati wadutsa usiku womwewo, chifukwa m'mphepete mwa phazilo munali musanaume. Ndinapinda malaya n'kupisa dzanja m'madzi. Ozizira mpaka m'fupa. Pansi si mchenga, ndi dothi lakuda lofewa, la mizu ndi masamba owolerana, ndipo ukalifinya m'manja limatulutsa madzi ambiri kuposa momwe ukuganizira. Ndinayang'ana mzere wa pamene madzi amafika nthawi ya dzinja. Sunali patali ndi pamene anali tsikulo, patatha miyezi yambiri mvula italeka. Damu la dothi la kumudzi likafika Seputembala limakhala litathawa mamita ambiri, ng'ombe zikumira m'matope. Aka kanali katangotsika pang'ono.

Ndinafunsa za njoka ija. Sikauti sanaseke, komanso sanachite mantha. Anayankha ngati munthu amene akukuuza dzina la mfumu ya m'mudzi. Anati akuluakulu amati m'madzimo mumakhala njoka yaikulu, ndipo ndiyo mwini ndi mlonda wa nyama zonse za pa Nyika. Kale anthu ankabwera kudzapereka nsembe, makamaka mvula ikavuta, ndipo sankafika mwachisawawa. Panalibe kusamba, panalibe kuponya miyala, panalibe phokoso. Alamu anga anafunsa ngati iyeyo anaionapo. Anati, "Ine ntchito yanga ndi kuyang'ana opha nyama, adada. Za m'madzi sindilondera." Ndinaona kuti ngakhale ananena choncho, nthawi yonse imene tinali pamenepo mawu ake anali otsika, ndipo alamu anga atatola kamwala m'manja mwachizolowezi, anawagwira mkono osanena kanthu.

Ophunzira za miyala ndi nthaka ali ndi kufotokoza kwawo. Amati nyanjayi inabadwa nthaka itagumuka pachitunda n'kutseka kakhwawa, madzi n'kusowa kolowera. Ukaima pamenepo n'kuyang'ana bwino, zimamveka. Pa Nyika zigumukire n'zambiri, umaziona m'mbali mwa zitunda, mabala ozungulira pamene dothi lonyowa linatsetsereka pamwamba pa thanthwe. Kawirikawiri madzi amadzaboola chotsekacho n'kupitiriza ulendo. Pano sanathe.

Tsono chimene chinandigwira mtima ndi ichi. Ife a kumwera ndi pakati tinakula ndi nkhani ya Napolo. Phiri likagumuka, madzi ndi miyala n'kutsika usiku kukokolola midzi, agogo athu sankati kwagwa mvula yambiri. Ankati Napolo wadutsa, njoka yaikulu ya pansi pa phiri yasamuka kupita kunyanja. Anatero ku Zomba mu 1946. Anatero ku Phalombe mu 1991, phiri la Michesi litatsika pa anthu. Ngakhale mu 2023, namondwe wa Freddy atagumula Soche ndi mapiri a ku Mulanje ndi Chiradzulu, wailesi inkanena za namondwe koma m'maliro anthu ankanong'onezana dzina lomwelo. Kwathu, kugumuka kwa phiri ndi njoka ndi nkhani imodzi. Ndiye ndafika kumpoto, kwa anthu a chinenero china, pa nyanja imene asayansi akuti inapangidwa ndi kugumuka kwa nthaka, ndipo eni dera akuti muli njoka. Palibe anandiuza kuti ziwirizi n'zogwirizana, ndi maganizo anga ndekha. Koma ndimaona ngati anthu akale ankawerenga nthaka bwino lomwe. Ankadziwa malo amene dziko linagwedezekapo, ankadziwa kuti pamene madzi achita zachilendo pafunika ulemu, ndipo ankaikapo mlonda woti mwana aliyense amuope. Ine ndayesapo kuteteza akasupe ndi zikwangwani, ndi malamulo a komiti, ndi faindi ya mbuzi. Anthu amalima mpaka m'mphepete, amachapa matewera pamwamba pa inteki. Njoka ya ku Kaulime yagwira ntchito imeneyo zaka mazanamazana popanda alawansi.

Pobwerera ku galimoto tinadutsa m'dambo, ndipo ndinapempha kuti tiime. Madambo a pa Nyika ndiwo nkhani yeniyeni ya madzi, kuposa nyanjayo. Pakati pa zitunda ziwiri zilizonse pali kachigwa konyowa, ndipo ukapondapo nthaka imanjenjemera pansi pa phazi. Ndi chinkhupule chachikulu: dzinja chimamwa mvula ndi nkhungu, chilimwe n'kumafinya pang'onopang'ono. Chifukwa cha kuzizira, udzu wakufa suwola msanga, umangounjikana chaka ndi chaka n'kusanduka dothi lakuda lija losunga madzi. Kumunsi kwa dambo lililonse kumatuluka kamtsinje kopyapyala koti ungakadumphe, kozama mpaka m'chigongono, kobisika ndi udzu. Timitsinje timeneti tikaphatikizana ndi timene timakhala North Rukuru wopita ku Karonga, amene amagwa pa mathithi a Chisanga potsika phiri, timakhala Chelinda ndi Runyina otsikira ku Rumphi, timakhala Wovwe amene amazunguza makina a magetsi. Ena amatsikira kumadzulo kukathira mu Luangwa. Mayi wotunga pampopi ku Nkhamanga mu Okutobala akumwa mvula ya Febuluwale imene dambo linamusungira.

Anthu ambiri akaona udzu wopanda mitengo amafulumira kunena kuti anthu anadula nkhalango, tibzale mitengo. Ngakhale alamu anga anatero. Koma dothi lakuda la m'madambo limasunga mungu wa zomera zakale, wosanjikizana malinga ndi zaka, ndipo katswiri wina, Michael Meadows, anaboola madambo a pa Nyika n'kuwerenga mungu umenewo. Zimene anasindikiza mu 1984 zinaonetsa kuti udzuwu wakhala ulipo zaka masauzande ambiri, si chipululu chongobwera dzulo chifukwa cha nkhwangwa. Ndimanena izi chifukwa m'dziko muno tazolowera kuti kusamala chilengedwe ndi kubzala mtengo basi, nduna itagwira khasu, ojambula ali pomwepo. Malo ena mtengo ndiye mdani. Paini amamwa madzi chaka chonse, ndipo mbewu zake zimauluka kuchoka ku Chelinda n'kumamera m'udzu, moti a paki amachita kulemba anthu ozula. Palinso chomera china cha masamba ngati nthenga, bracken, chimene chikufalikira m'zitunda n'kupha udzu, nyama osachidya. Tinadutsa zigamba zake zambiri, zouma, zofiirira, zofika m'chiuno.

Pali mbali ina ya nkhaniyi imene mabuku a alendo amaidumpha. Nyika sinali yopanda anthu. Kuphanga la Fingira, kum'mwera kwa phirili, anafukula mafupa a anthu ndi zida zamiyala, ndipo pakhoma pali zojambula zakale. M'malo ambiri muli ng'anjo zadothi zimene Aphoka, anthu a m'mapiri amenewa, ankasungunuliramo chitsulo, ndipo makasu awo ankayenda mitunda italiitali. Pakiyi inakhazikitsidwa mu 1965, ndipo mu 1978 boma linaikulitsa kwambiri, kutenga mapiri ndi zigwa za m'mbali zimene munali midzi. Anthu masauzande anasamutsidwa. Inali nthawi ya Kamuzu, panalibe wofunsa kawiri.

Ndinagwirapo ntchito m'mudzi wina pafupi ndi malire a paki, ndipo gogo wina wamwamuna ankabwera tsiku lililonse kudzakhala pamwala kutiyang'ana tikulumikiza mapaipi. Tsiku lina anandiuza, m'Chitumbuka chosakaniza kuti ndimve, kuti madzi amene tikuwabweretsera ndi mapaipi athuwa iye ankawamwa ndi manja pamene amatulukira, ali mnyamata. Anabadwira kumtunda. Anatchula mitsinje, anatchula pamene pali manda a abambo ake. Anati atatsitsidwa kuchigwa, chimene chinawapweteka kwambiri chaka choyamba ndi malungo, chifukwa kwawo kozizira udzudzu sankaudziwa. Sanalankhule mokwiya. Ankangofotokoza, akufenthera fodya m'mphuno. Nthawi imeneyo ndinangoti pepani agogo, n'kupitiriza kumata guluu. Nditaima pa Kaulime ndi pamene mawu ake anandibwerera ndi kulemera kwake. Ulemu umene unasunga madziwa unali wa anthu ngati iyeyo, ndipo lero mdzukulu wake akafuna kudzaona malowa ayenera kupeza galimoto, mafuta a makilomita oposa 200 kupita ndi kubwera, ndi ndalama ya pageti. Akalowa wapansi modutsa kutchire, dzina lake limasintha, amakhala wopha nyama.

Sindikunena kuti paki ichotsedwe. Ndaona zimene zachitikira mapiri a kwathu, Dedza ndi Chongoni, ndaona Dzalanyama ikutsika pa njinga thumba ndi thumba la makala. Pakanapanda lamulo ndi anthu ngati sikauti uja, amene amagona kutchire mu Julaye ndi bulangeti limodzi, bwenzi madambo aja ali mbatata ya kachewere ndipo ine ntchito yanga itatha. Ndipo si onse olowa mozemba amene amabwera kudzalira pa manda. Ena amatchera mawaya. Ena amayatsa moto mu Okutobala, udzu utauma kwambiri, moto wotentha mpaka dothi la m'dambo, wosiyana ndi uja a paki amayatsa dala kumayambiriro kwa chilimwe udzu ukadali ndi chinyezi. Ena amakumba chikande. Pa Nyika pali mitundu yoposa 200 ya maluwa a banja la chikande, otchedwa orchid pa Chingerezi, amene amaphuka mu Januwale ndi Febuluwale, ndipo timbatata take ndi timene amasinja ndi nsinjiro kupanga chikande, chimene kumpoto amati chinaka. Msika wake waukulu uli ku Zambia, ndipo wokumba amatenga ndi muzu womwe, matumba ndi matumba. Ineyo chikande ndimachikonda, ndi tsabola, ndipo kuyambira ulendo umenewu ndimachidya ndi mtima wokayika. Koma ndimadyabe.

Mu 2023 boma linasainirana ndi bungwe la Peace Parks Foundation mgwirizano wa zaka 20 woyendetsera limodzi Nyika ndi Vwaza. Ndalama zikubwera, ndipo kumene kwabwera ndalama kumabwera simenti. Pempho langa kwa amene akugwira cholembera ndi la mbali ziwiri. Pa Kaulime pasamangidwe kanthu. Pasakhale shedi, pasakhale masitepe, pasakhale chikwangwani chachikulu cha mayina a opereka thandizo. Ine ndine womanga, ndimadya za simenti, koma pamenepo thumba limodzi lingawononge. Ndipo mbali ina ya ndalamazo igule mafuta a lole, kuti ana a sukulu za ku Bolero, Mwazisi, Hewe, Nthalire ndi Ntchenachena azikwera kukaona, pamodzi ndi agogo awo amene akadali moyo ndipo akukumbukira mayina a zitunda. Mwana wa ku Bolero amaphunzira pa bolodi kuti nsonga ya Nganda ndi yotalika mamita opitirira 2,600, amalemba mayeso n'kukhoza, koma phiri lili kuseri kwa nyumba yake sanalipondepo. Alendo amene tinawapeza ku Chelinda, kupatula ogwira ntchito, anali ochokera ku Germany ndi ku South Africa.

Amene mukufuna kupita, nyamulani zofunda zambiri kuposa zimene mukuganiza, chakudya chanu, ndi matayala apadera awiri, osati limodzi. Nthawi ya mvula maluwa ndi ambiri ndipo nyama zimadzaza pamwamba, koma popanda galimoto yokoka mawilo onse musayese. Nyemba muphikiretu kunyumba. Ife tinkafuna kutulukira geti ya Kaperekezi kuti tikaone njira ya ku Nthalire ndi Chitipa, koma titayang'ana zigubu tinabwerera njira yomwe tinadzera. Tisanafike pa Thazima tayala lakumbuyo linaphulika pa mwala, ndipo titafika pa Bolero galimoto inali ikulira pena pake pansi, kulira kwachitsulo. Makaniko wa pa Rumphi anapeza kuti sipuling'i imodzi yathyoka. Alamu anga anati popeza nyanja ndinkaifuna ndine, sipuling'inso ndi yanga. Tinakangana mpaka mlongo wanga analowererapo n'kugamula kuti tigawane pakati, poti amene anayambitsa nkhani ya njoka pa chakudya ndi iwowo.